Mkazi wa Mbava ya pa Kanema

1

Mwamuna wanga wafa kambirimbiri, koma ine sindinamulirepo ngakhale kamodzi. Anamuwomberapo ndi mfuti, anamulasapo ndi mkondo, anagwapo pa mlatho, tsiku lina anachita kumira mu Bua anthu akuonerera. Akatero ankadzuka, n'kusasa fumbi, n'kufunsa ngati kunyumba kuli ndiwo. Ntchito yake inali imeneyo, kufa pamaso pa kamera.

Ine ndine Bernadette, kwathu ndi kufupi ndi Nsaru, ndipo timapemphera ku mishoni ya Nambuma. Nkhaniyi ndaisunga m'kamwa mpaka yandiwawira, choncho lero ndikufuna ndiilavule.

Stanislaus ndinakumana naye mu 1936 pa msika wa fodya, nditaperekeza ababa. Anali atakhala pamwamba pa lole ya mzungu wina, atafungatira bokosi la miyendo itatu ngati mwana wodwala. Kunena zoona, nkhope analibe. Maso akuluakulu ofiira, chipsera chochokera pa khutu kufika pa chibwano, mano akutsogolo atapita kalekale. Koma pakamwa pake pankatuluka uchi.

Mzungu wakeyo dzina lake linkatipinda lilime, ndiye anthu ankangoti Bwana Kamodzi. Ankajambula makanema otchipa a ndewu ndi kuthamangitsana, opanda mawu, n'kumakagulitsa ku migodi ya ku Rhodesia ndi ku Joni kuti anthu aziseka akaweruka. Filimu yojambulira inali yodula, mwiniwakeyo anali woumira, choncho chilichonse ankajambula kamodzi basi. Panalibe zobwereza, panalibenso zonamizira. Chibakera chinali chibakera chenicheni. Mano a Stanislaus aja anatsala m'matope ku Mpingu chifukwa cha lamulo limenelo.

"Kodi inuyo mu kanemamo mumakhala ndani?" ndinamufunsa tsiku limenelo.

"Ine ndine mbava," anayankha monyadira. "Lero ndaba ng'ombe, mawa ndaba njinga, mkuja ndaba mkazi wa mwini. Pomaliza amandigwira n'kundipha."

"Simungakhaleko munthu wabwino tsiku limodzi?"

"Ndi nkhope iyi, chemwali? Munthu wabwino ndi Benson, kalaliki wa ku Blantyre wa mano oyera uja. Koma ndikuuzeni, popanda ine Benson alibe ntchito. Azithamangitsa ndani?"

Atatero anadzigwetsa kuchoka pa lole paja, n'kugubuduka m'fumbi, n'kutulutsa lilime ngati wafadi. Ine ndinaseka mpaka misozi. Kuseka kumeneko ndi kumene kunandikwatitsa.

2

Tinadalitsa ukwati ku Nambuma, ndipo Stanislaus anabwera kudzakhala kwathu pa chikamwini, monga mwa mwambo wathu.

Pamudzi pathu mwini mbumba anali amalume, a Chrispin, mchimwene wa amayi anga a Getrude. Ababa, a Andrea, nawonso anali mkamwini, wochokera ku Kabudula. Anakalambira pamudzi pathu, anabereka ana, anagwetsa mitengo n'kutsegula minda, koma kwa amalume anali mlendo basi. Anali munthu wofatsa, wotsimphina mwendo wa kumanzere chifukwa cha ngolo imene inawaponda ali mnyamata. Pa nkhani yofukiza fodya wa chikopa panalibe wofanana nawo. Balani yawo inali kumunda, kuseri kwa kaphiri, ndipo fodya wa mbumba yonse, ndi wa amalume yemwe, ankaumira mmenemo.

Stanislaus khasu sankalidziwa. Ankakhala pakhomo sabata imodzi, n'kusowa mwezi, n'kubwera atatupa diso kapena atabzungunyuka phewa. Ine ndinkamuthowa ndi madzi a mchere, iye akundifotokozera momwe wafera ulendo umenewo.

Amalume ankanyinyirika. "Mkamwini wanji wolima ndi msana pansi? Anzake akubzala fodya, iye akubzala mano."

Amene ankamuikira kumbuyo anali ababa. "Msiyeni, alamu. Munthu aliyense ali ndi munda wake. Wa uyu ndi umenewo."

Mawu amenewo ndimawakumbukira mpaka lero, ndipo ndikawakumbukira malovu amandiwawa m'kamwa.

Chakumayambiriro kwa 1939 Stanislaus anayamba kubwera ali ndwii. Anati Bwana Kamodzi wapeza mnyamata wina wa ku Namitete, wamtali, wa nkhope yoopsa kuposa yake, wodziwa kudumpha mpanda.

"Akuti anthu a ku migodi atopa nane," anandiuza. "Akuti ndimafa mofanana. Ndikapanda kumubweretsera chinthu chachikulu, andibweza konyamula bokosi."

"Ndiye bwanji osangogwira khasu? Ababa akuphunzitsani fodya."

Anandiyang'ana ngati ndamutukwana. "Bena, ine nkhope yanga amaidziwa ku Joni. Iwe ukuti ndizikatola mbozi m'fodya?"

Nthawi imeneyo n'kuti ndili ndi pakati pa mwana wathu woyamba.

3

Chaka chimenecho fodya anachita bwino zedi. Pofika Lamulungu la Kanjedza, balani inali itadzaza mikangala yopachikapo fodya mpaka kudenga. Ababa anabwera ndi kanjedza wawo wodalitsidwa, n'kumuluka ngati mtanda, n'kumukhoma pamwamba pa chitseko cha balani, monga ankachitira chaka chilichonse.

Lachinayi Loyera Stanislaus anatsanzika, ati lole ikumudikira ku boma ku Lilongwe. Loweruka mudzi wonse unanyamuka ulendo wa ku Nambuma kukagonera Pasaka, ana ndi akulu omwe. Ababa okha ndi amene anatsala. Ansembe ankadziwa kuti moto wa fodya susiyidwa wokha, choncho sankawadzudzula.

Tinabwerera Lamulungu dzuwa litapendeka, tikuimba nyimbo za Aleluya m'njira. Titafika pa kaphiri paja, msuweni wanga Ester anasiya kuimba.

"Kodi fungo limeneli mukulimva?"

Linali fungo la fodya, koma lochuluka mopitirira. Tinathamanga. Pamene panali balani panali phulusa ndi nsanamira zakuda zikufuka utsi. Thukuta la chaka chonse la mbumba yonse linali litapita. Ababa anali atakhala pa chitsa, manja atatupa matuza, mlomo utang'ambika, chidebe chophwanyika chili pambali pawo.

Amayi anagwada pamaso pawo. "A Mbewe, chachitika n'chiyani?"

Ababa anayang'ana amayi, anayang'ana amalume, kenako maso awo anaima pa mimba yanga.

"Ndinagona," anatero.

"Munagona?" Amalume anachita kubwereza mawuwo pang'onopang'ono. "Masanasana, moto uli m'balani, inu munagona?"

"Ndinagona, alamu."

"Nanga mlomowo?"

"Ndinagwa pothamangira madzi."

Ester anandikoka chitenje n'kundilozera pansi, pamene panali mapazi a matayala a lole. Ine ndinangoti mwina ndi akapitawo a fodya amene ankayendayenda m'minda nyengo imeneyo. Mutu wanga unali pa ababa, ndipo ndinali nditakwiya nawo. Ndinawayandikira n'kuwauza kuti, "Ababa, mwatichititsa manyazi. Mwana wangayu adzafunda chiyani?"

Anangowerama n'kumayang'ana manja awo.

4

Amalume anali akudikira tsiku lotero kwa zaka zambiri. Anasonkhanitsa mbumba pansi pa mtengo wa mango, n'kunena kuti mkamwini wogona pa moto sangasungidwe pamudzi, mawa adzaotcha nyumba muli ana. Amayi analira, anati ukwati wawo ndi wa mu tchalitchi. Amalume anati tchalitchi sichinalime nawo fodyayo.

Ababa sanadziteteze ngakhale ndi liwu limodzi. M'mawa mwake anakulunga mphasa yawo, anatenga khasu ndi korona, n'kuuyamba ulendo wa ku Kabudula akutsimphina. Amayi anafuna kuwatsatira, koma anali ndi ana ang'onoang'ono, ndipo minda yonse inali ya kwathu kuno. Anangoima pa mphambano mpaka ababa atazimiririka.

Stanislaus anabwera patapita masabata angapo, atavala chipewa chatsopano, atanyamula mtolo wa nsalu. Anapatsa amayi, anapatsa Ester, amalume anawapatsa jekete. Atamva za balani anapukusa mutu mwachisoni chenicheni, chisoni chimene ndinadzazindikira pambuyo pake kuti chinali cha ntchito.

"Ukalamba ndi choncho," anatero. "Musawaweruze kwambiri apongozi anga."

Amalume, atavala jekete lija dzuwa likuswa mtengo, anayamba kuuza anthu kuti pamudzi pano mkamwini weniweni ndi Stanislaus. Ine ndinkayenda mapewa ali m'mwamba. Mwana wathu Grace atabadwa, ndinamukulunga mu nsalu imodzi ya mu mtolo womwe uja.

Ntchito ya Stanislaus inayambanso kuyenda. Mnyamata wa ku Namitete uja ndi amene anabwezedwa konyamula bokosi. Nkhondo itayamba, mwamuna wanga anakwezedwa kuchoka pa mbava kukhala kazitape wa adani, koma mathero ake anali omwe aja: Benson ankamuthamangitsa pa njinga, n'kumugwira, n'kumupha. Stanislaus ankabwera atathyoka chala, atapsa tsitsi, akununkha mowa ndi mafuta a lole, n'kumandiuza kuti ku migodi anthu akangoona nkhope yake amagenda nsalu yoonetserapo kanema ndi zitsononkho. Kwa iye umenewo unali ulemu waukulu.

Grace atayamba kuyenda ndinapita naye ku Kabudula kuti agogo ake akamuone. Ndinawapeza ababa akukhala m'kanyumba ka kuseri kwa mlongo wawo, akufukiza fodya wa anthu ena. Anali ataonda. Anamunyamula Grace nthawi yaitali.

"Akukusunga bwino?" anandifunsa. Dzina la mwamuna wanga sanalitchule.

"Akundisunga, ababa."

"Basi, ndi zimene ndimafuna kumva."

5

M'chilimwe cha 1943 kunamveka kuti galimoto ya kanema ikubwera pa Nsaru. Ambirife tinali tisanaonepo kanema chibadwire, ngakhale ine amene ndinkadya za kanemayo. Stanislaus anali pakhomo akupoletsa nthiti, ndipo atamva kuti pakati pa zoonetsazo pali kanema wina wakale wa Bwana Kamodzi, anayamba kuyenda nyumba ndi nyumba kuitana anthu.

"Lero muona chimene ndimachita," ankatero. "Amalume, mukakhale kutsogolo."

Dzuwa litangolowa anapachika nsalu yoyera pakati pa mitengo iwiri. Anthu anadzaza bwalo lonse, ena anakwera m'mitengo. Poti makanemawo analibe mawu, panali bambo wina wa pakamwa pothwa amene ankafotokozera pa chimkuzamawu. Anayamba ndi nkhani za nkhondo, kenako za kalimidwe ka mizere. Pomaliza bambo uja anakuwa kuti, "Tsopano konzekani, tikuonetsani mbava yootcha nyumba."

Ndinamva dzanja la Stanislaus likundigwira pa mkono. Linali lozizira.

"Bena, tiye tizipita. Nthiti zandiyamba."

"Mwaitana mudzi wonse kuti muthawe? Khalani pansi."

Nkhope yake inatulukira pa nsalu, yaikulu kuposa chitseko. Anthu anakuwa ndi chimwemwe, ena akumumenya pamsana. Mbava ija inkayenda monyang'ama m'munda, itanyamula muuni wa udzu. Inafika pa kanyumba kena n'kuyatsa denga. Moto unalilima nthawi yomweyo, utsi wakuda n'kukwera kumwamba.

"Taonani, mwini wake uyo akubwera," anatero wofotokozera uja. "Nkhalambayi ikuthamanga ngati bakha."

Chapatali panaoneka kamunthu kakang'ono kakuthamanga ndi chidebe, kakupendekera uku ndi uku, madzi akutayikira m'njira. Mbava ija inabisala kuseri kwa mtengo. Nkhalamba itafika pafupi, mbava inaponya ndodo pakati pa miyendo yake. Nkhalamba inauluka, n'kugwa chafufumimba, chidebe n'kugubuduka mpaka kukaima patali.

Bwalo lonse linafa ndi phwete. Amalume ankamenya ntchafu zawo. Ine ndinaseka mpaka ndinagwira m'mimba, misozi ikutsika, ndikugwedeza Grace kuti aone bambo ake momwe amachitira.

Kenako chithunzi chinasendera pafupi. Pamwamba pa chitseko cha kanyumba kaja panali mtanda wa kanjedza, ukupsa. Mkati munkaoneka mikangala ya fodya ikugwa umodziumodzi. Nkhalamba ija inadzutsa mutu, magazi akuchucha pa mlomo.

Anali ababa.

Anagwira mwendo wa mbava ija, akuiyang'ana m'maso, pakamwa pawo pakuyenda. Mbava inawakankha ndi phazi n'kuthawa. Benson anatulukira pa njinga yake, anadutsa pambali pa ababa osawayang'ana n'komwe, n'kuyamba kuthamangitsa mbava. Kumbuyo kwake ababa ankaoneka akukwawira kumoto, akukoka mikangala ndi manja.

Anthu a midzi ina anapitiriza kuseka. Mbali imene tinakhala ife a pamudzi pathu kunangoti zii. Amayi anaimirira pang'onopang'ono, n'kuyenda mpaka pa nsalu paja, n'kuika dzanja pa nkhope ya ababa. Kuwala kwa kanema kunkawadutsa pamsana, anthu akukuwa kuti achokepo.

6

Sindinadikire kuti ndione momwe anafera ulendo umenewo. Ndinamukokera Stanislaus kuseri kwa galimoto, amalume ndi Ester akutitsatira.

"Munati muli ku boma," ndinatero.

"Bena, tamvera kaye."

"Munati muli ku boma."

Anapukuta thukuta ndi chipewa. "Bwana ankafuna moto. Kumanga kanyumba koti tiotche anati n'kuwononga, ndiponso kanyumba kopanda kanthu sikafuka utsi wooneka bwino. Ine ndinakumbukira kuti pa Pasaka kumudzi kumakhala kopanda anthu. Ndikanapanda kutero bwenzi pano ndikunyamula bokosi. Nsalu zija mukanaziona?"

Amalume anayang'ana jekete limene anavala, lomwe lija, litayamba kale kung'ambika m'zigongono.

"Nanga ababa?" ndinafunsa.

"Tinadikira kuti apite kumtsinje. Sitinadziwe kuti abwerera msanga. Atatulukira, Bwana sanasiye kupukusa kamera, ndipo iwe ukudziwa, timajambula kamodzi. Ndikanaima, zonse zikanawonongeka. Ndodo ija ndinaiganiza pomwepo ndekha." Apa mawu ake anasintha, ndipo ndinaona kuti munthuyu akunyadira. "Bwana anati chiyambire ntchito yake sanaonepo munthu wogwa bwino chonchija. Ku migodi amachita kupempha kuti aonetsenso."

Munthu ameneyu ndinkamuthowa mabala, ndinkagona naye mphasa imodzi, ndinamuberekera mwana.

"Pamene anakugwirani mwendo paja, ankati chiyani?"

Anayang'ana kumbali. "Ankati ndiwathandize kutulutsako fodya wa amayi ako."

"Ndiye?"

"Tikunyamuka, anabwera pa lole. Ndinkayesa akufuna kundimenya. Anangoti, 'Bena asadziwe. Ali ndi pakati, ndipo ukwati wa mu tchalitchi sabwereza. Mukathamangitsidwa inu, mwana wanga akhala wopanda mwamuna mpaka imfa.' Ndiye waona, si ine ndinabisa. Ndi iwowo amene anafuna choncho."

Amalume anavula jekete lija n'kuliponya pansi. Ndinkayesa amumenya, koma ayi. Anangoti, "Dzuwa la mawa lisakupezeni pamudzi panga."

Stanislaus anatembenukira kwa ine, akumwetulira ndi chiseyeye chake chija, kumwetulira kumene kunandigwetsa pa msika wa fodya. "Bena, iwenso unaseka. Ndinakuona. Unaseka kuposa onse."

Ndinasanza pomwepo, pafupi ndi tayala la galimoto.

7

Tinapita ku Kabudula anthu atatu: amayi, amalume ndi ine. Amalume ananyamula tambala woyera wopepesera. Tinawapeza ababa akuwaza nkhuni. Amalume, munthu amene sindinamuonepo akugwadira wina aliyense kupatula pa guwa, anagwada m'fumbi.

"Alamu, taona zonse. Kanema wabwera pa Nsaru. Ndinakulakwirani."

Ababa anatsamira nkhwangwa.

"Ndiye kuti ulendo wanga uja unapita pachabe," anatero. Kenako anayang'ana ine. "Amuthamangitsa?"

"Akanapanda kumuthamangitsa amalume, ndikanamuthamangitsa ndine, ababa."

Anapukusa mutu, koma tambala uja analandira. Amayi anali atalowa kale m'kanyumba kaja kukakulunga mphasa, osafunsa munthu.

Pobwerera, amayi ndi amalume anatsogola. Ine ndinkayenda pang'onopang'ono ndi ababa chifukwa cha mwendo wawo. Manja awo anali ndi zipsera zoyera mpaka m'zigongono, ndipo zala ziwiri sizinkapindikanso. Ndinkafuna kupepesa chifukwa cha mawu anga a pa chitsa paja, koma sindinadziwe poyambira.

Titawoloka kamtsinje kena anaima kuti apume.

"Bena, pa nsalupo anthu anali ambiri?"

"Anali ambiri, ababa."

"Pamene ndinagwa paja, anaseka?"

"Anaseka."

Anadula kaudzu n'kumakapotokola. "Nanga iwe?"

Munthu ameneyu ananama pamaso pa mbumba yonse chifukwa cha ine. Anataya mkazi, ana ndi dzina lake chifukwa cha ine. Bodza laling'ono likanamukwanira, ndipo linali lili kale pa lilime. Koma mabodza anali atatikwana pabanja pathu.

"Ndinaseka, ababa. Ndisanakuzindikireni, ndinaseka kwambiri."

Anagwedeza mutu pang'onopang'ono, n'kutaya kaudzu kaja.

"Ndiye kuti ndinagwadi bwino," anatero, n'kunyamula khasu lawo, n'kupitiriza ulendo.

Ndikanakonda akanandimenya.

8

Ababa anamanganso balani pamalo omwe paja, ndipo chaka chilichonse amakhoma kanjedza pamwamba pa chitseko. Za tsiku lija sanazitchulenso. Galimoto ya kanema ikabwera pa Nsaru, iwo amapita kumunda.

Stanislaus ndimamva kuti akufabe. Bwana Kamodzi anabwerera kwawo, koma Stanislaus anapeza mzungu wina woumira ku Rhodesia, ndipo akuti masiku ano amagwa pa kavalo. Pamaso pa tchalitchi akadali mwamuna wanga, ndipo ine ndikukalamba ndekha monga ababa ankaopera. Sindidandaula. Mphasa yanga ndi yozizira koma ndi yoyera. Grace akafunsa za bambo ake ndimamuuza kuti ndi mbava ya pa kanema, ndipo akadzakula ndidzamuuza kuti mbavayo sinkavula nkhope yake ikaweruka.

Inu amene mukuwerenga, makamaka atsikana anzanga, ine ndinakwatiwa ndi munthu chifukwa ankandiseketsa, osafunsa kuti kusekako amalipira ndani. Mwamuna akamakubweretserani nsalu, muziinunkhiza kaye. Yanga inkanunkha utsi wa fodya wa amayi anga, ndipo ndinakulungamo mwana.

Chimene chimandinyansa kwambiri ndi chakuti kanema uja sanafe. Akuyendabe m'midzi ndi m'migodi, ndipo kulikonse kumene apachika nsalu, ababa amagwanso, anthu n'kusekanso. Ndinapempha woyendetsa galimoto uja kuti asiye kuonetsa, anandiyankha kuti ndi amene anthu amamukonda kwambiri.

Choncho ndili ndi pempho limodzi. Galimoto ikadzafika kwanu, mukadzaona nkhalamba yotsimphina ikuthamanga ndi chidebe, dziwani kuti siinalembedwe ntchito, siinalipidwe, ndipo magazi a pa mlomowo ndi ake enieni. Amenewo ndi a Andrea Mbewe, ababa anga. Tsiku limene lija sanagone.